Zaka 9 n'zambiri, koma kodi khoti la apilo lingazichepetse?

Mayi wina wanditumizira imelo sabata yatha. Mchimwene wawo wa zaka 22 anathyola nyumba masana eni ake kulibe, n'kuba laputopu. Anavomera mlandu tsiku loyamba lomwelo, katundu anapezeka, ndipo aka kanali koyamba kupalamula. Khoti lamupatsa zaka 9, zofanana ndendende ndi za mnzake amene anaba naye, yemwe anamangidwapo kale kawiri ndipo mlanduwu anaukana mpaka mapeto. Funso lawo: "Tikachita apilo amuchepetsera? Tikanene kuti mayi athu ndi odwala ndipo amadalira iyeyo?"

Mayi, pepani ndi zimene zakugwerani. Za matenda a mayi anuzo mukhoza kuzitchula, koma musayambire pamenepo. Majaji amamva madandaulo otero tsiku ndi tsiku, ndipo ambiri amayankha kuti wakubayo akanaganizira banja lake asanathyole chitseko. Mfundo yanu yamphamvu mwailemba kale mu imelomu, mwina osadziwa: anthu awiri osiyana alandira chilango chimodzi.

Ganizo lakuti chilango chilingane ndi mlandu ndi lakale kwambiri. Chikalata cha malamulo cha ku England cha mu 1215 chotchedwa Magna Carta chinanena kale kuti munthu asalipitsidwe chindapusa chachikulu pa kamlandu kakang'ono. Mu 1764 Cesare Beccaria, wolemba za malamulo wa ku Italy, anapereka chifukwa chimene ine ndimachikonda: mukamalanga mofanana mlandu waung'ono ndi waukulu, munthu sakhalanso ndi chomuletsa kupalamula waukuluwo. Ku America, mu 1983, khoti lalikulu linathetsa chilango cha Jerry Helm wa ku South Dakota, amene anamugamula kukhala m'ndende moyo wonse chifukwa cha cheke chabodza cha madola 100. Anali ndi milandu ina isanu ndi umodzi m'mbuyomo, koma panalibe ngakhale umodzi wovulaza munthu. Ndi ganizo lomweli limene linagwetsa lamulo lakuti aliyense wopha munthu azinyongedwa basi, pa mlandu wa Kafantayeni ku Malawi mu 2007 ndi wa Muruatetu ku Kenya mu 2017. Woweruza ayenera kupatsidwa mpata woona munthu amene waima pamaso pake.

Oweruza akamayeza chilango amaona zitatu, monga linanenera khoti la ku South Africa pa mlandu wa Zinn mu 1969: mlandu weniweniwo, wopalamulayo, ndi zofuna za anthu onse. Pa mlandu amafunsa ngati panali chida, ngati wina anavulala, ngati kunali usiku anthu ali m'tulo, ngati katundu anabwezedwa. Pa munthuyo amaona zaka zake, mbiri yake, ndi ngati anavomera. Chilango chachikulu chimene lamulo limatchula amasungira wopalamula woipitsitsa pa mlandu woipitsitsa, si poyambira ayi.

Tsono apa ndi pamene ambiri amakhumudwa. Khoti la apilo silizenganso mlandu, ndipo majaji ake sadzifunsa kuti "ndikanakhala ine ndikanapereka zingati?" Jaji akhoza kuona mumtima mwake kuti zaka 7 zikanakwana, n'kuzisiya 9 zili chomwecho, chifukwa amene anaona mboni ndi woimbidwa mlandu ndi woweruza woyambayo, ndipo lamulo limamupatsa ufulu wosankha pakati pa malire ena ake. Pa mlandu wa House v The King mu 1936, khoti lalikulu la ku Australia linandandalika zimene zimatsegula khomo: woweruza watsata mfundo yolakwika, wawerengera zosayenera kuwerengera, waphonya zoona za nkhaniyo, kapena wasiya chinthu chofunika. Khomo lina ndi lakuti ngakhale cholakwa sichikuoneka pa pepala, chilangocho chachuluka moti munthu wanzeru angangogwira pakamwa. Makhoti a m'mayiko ambiri otsata malamulo ochokera ku England amayenda m'njira yomweyi, mawu okha ndiwo amasiyana.

Ndiye ntchito yanu yoyamba ndi kupeza chigamulo cholembedwa n'kuchiwerenga mofatsa. Kodi woweruza anatchula zoti mchimwene wanu anavomera? Ngati anatchula, anachotsapo zingati? Ku England wovomera pa mpata woyamba amamuchotsera mpaka gawo limodzi mwa magawo atatu, ndiye kuti zaka 9 zimatsika kufika pa 6. Si dziko lililonse limene linaika nambala, koma pafupifupi kulikonse kuvomera kumapeputsa, poti kumapulumutsa nthawi ya khoti ndipo wobedwayo savutikanso kudzapereka umboni. Kodi miyezi imene anakhala pa rimandi anaiwerengera? Kodi anafotokoza chifukwa chake wopalamula koyamba akulandira zofanana ndi kabwerebwere? Ngati pamenepa anangodutsa osanenapo kanthu, loya wanu ali ndi pogwira. Apezenso zigamulo za makhoti akuluakulu pa milandu yofanana ndi uwu, chifukwa mawu akuti "zachuluka" amamveka bwino akakhala ndi choyerekezera.

Ndikuchenjezeni ziwiri. Nthawi yochitira apilo imakhala yochepa, kawirikawiri masiku owerengeka kuchokera tsiku la chigamulo, ndipo mukachedwa muyenera kuyamba mwapempha chilolezo n'kufotokoza chimene chinakuchedwetsani. Chachiwiri, m'mayiko ena khoti la apilo lili ndi mphamvu yowonjezera chilango likaona kuti chinachepa. Pa nkhani ya mchimwene wanuyi sindikuona ngoziyo, koma mufunseni loya musanasaine chilichonse.

Musayembekezenso kuti atuluka tsiku lomwelo. Kuthyola nyumba si mlandu wamasewera. Wobedwa amatha miyezi akudzidzimuka pakangomveka phokoso pakhomo, ndipo majaji amazidziwa zimenezi. Apilo ikayenda bwino, chimene chimachitika kawirikawiri ndi chakuti amafafaniza zaka 9 zija n'kuika zocheperapo, kuwerengera kuyambira pamene anayamba kugwira ukaidi. Mukamakaonana ndi loya, mutenge chigamulocho, tsiku lenileni limene anamugwira, ndi chilichonse chosonyeza kuti laputopu ija inabwerera kwa mwini wake.