Za mafilimu akale a alenje aja

Achimwene mwafunsa ngati mafilimu akale a alenje olondola nyama kutchire anali zenizeni kapena zongopanga, ine ndinganene kuti luso lake linali lenileni koma nkhaniyo ankaisoka ku studio. Pezani The Hunters ya 1957 ya John Marshall, anajambula anthu a mtundu wa Ju/'hoansi ku Kalahari mbali ya Namibia. Amuna anayi akulondola nyamalikiti yomwe ailasa ndi muvi wa poizoni, poizoni wakeyo amachokera ku timphutsi ta kachilombo kenakake tomwe amakumba pansi, ndiye nyama siigwa pompo, imayenda masiku ndithu iwo ali pambuyo kuyang'ana mapazi ndi ndowe, kuona ngati yayamba kukoka mwendo. Zimenezo palibe angaziphunzire pamaso pa kamera. Koma zinadzadziwika kuti ulendo umaoneka ngati umodziwo anaulumikiza kuchokera ku maulendo angapo, olo nyamalikitiyo si imodzi yomweyo.

Ina ndi Serengeti Shall Not Die ya 1959, ya Bernhard Grzimek ndi mwana wake Michael, a ku Germany. Awa sankasaka ayi, ankawerenga nyumbu, mbidzi ndi nyama zina zikuluzikulu ku Serengeti, nkhalango ya nyama ya ku Tanzania, ali mu kandege kopakidwa mizere ngati mbidzi, anapeza pafupifupi 367,000 pomwe anthu ankati zilipo miliyoni. Michael anafera konko mu January 1959 ndege itagundana ndi muimba, manda ake ali pamwamba pa phiri la Ngorongoro, pafupi ndi Serengeti, filimuyo inadzawina mphoto ya mafilimu ya Oscar bambo ali okha.

Chomwe chimandiwawa ine nchakuti chaka chomwecho cha 1959 Amasai anachotsedwa mu Serengeti, ndipo mafilimu ambiri a nthawi imeneyo mzungu wa mfuti ndi laisensi ndiye mlenje waulemu, wakuda wotchera msampha wa ndiwo ndi mbava. Koma taonani bwino amene ali kutsogolo wawerama kuwerenga mapazi ndi ndani, dzina lake kumapeto kwa filimu simulipeza. Agogo anga aamuna ankati nyama ukailasa usaisiye ikafere patali, yabere kapena yoyamwitsa suigwira, ndipo sanaonepo filimu ngakhale imodzi. Ndiye onerani, koma maso azikhala pa munthu wakutsogoloyo.