Kodi filimu yopanda anthu ndi mawu ndi filimu?

Funso: Akonzi, mwana wanga amene akuphunzira zojambulajambula anandionetsa pa foni filimu ya mphindi zinayi yopanda munthu, nkhani kapena mawu. Munkangothwanima mitundu ndi timizere basi, koma iye akuti ndi luso lapamwamba. Kodi sakundipusitsa?
Mayi wa ku Area 25, Lilongwe

Yankho: Mayi, mwana wanuyo akunena zoona. Mafilimu otere anayamba kalekale, ndipo ku Germany Walter Ruttmann anaonetsa yake mu 1921, pofuna kuti zithunzi zizimveka m'maso monga mmene ng'oma imamvekera m'khutu, popanda wina kufunsa kuti ikutanthauza chiyani. Mu 1935 Len Lye wa ku New Zealand anapenta mitundu pa tepi ya filimu yeniyeniyo, osagwira n'komwe kamera.

Amene ine amandichititsa chidwi kwambiri ndi Stan Brakhage wa ku America. Mu 1963 iye anatola mapiko a agulugufe a usiku, masamba ndi udzu, n'kuzimata pakati pa matepi awiri oonekera, ndipo filimu yake Mothlight inatuluka mmenemo, yopanda phokoso lililonse. Popeza filimu imaonetsa zithunzi 24 pa sekondi imodzi, musanafike ponena kuti "ili ndi phiko", phikolo lapita kale, ndipo mumangotsala ndi kuwala kwake. Brakhage ankakhulupirira kuti mawu amatiphimba m'maso, moti khanda lokwawa pa udzu limaona mitundu yambirimbiri, koma likangophunzira mawu akuti "obiriwira", mitundu yonseyo imasanduka umodzi.

Apa pokha ndimasiyana naye pang'ono, chifukwa Chichewa chathu chili ndi mawu amene ntchito yake si kutchula dzina la chinthu koma kuchijambula. Tikati kunja kwada bii, nsalu yayera mbee kapena magazi afiira psuu, womvera amaona chinthucho asanachiganizire. Mafilimu amenewa amayesa kuchita zomwezo ndi kuwala.

Ndiponso zoterezi si zachilendo kwathu kuno. M'mapanga a ku Chongoni ku Dedza, malo amene bungwe la UNESCO linawaika pa mndandanda wa malo ofunika kuwasunga padziko lonse mu 2006, muli mizere ndi tizungulire tofiira tojambulidwa ndi Akafula, ndipo mpaka lero akatswiri amatsutsana za tanthauzo lake. Mukadzapeza mpata, kwerani minibasi ya ku Dedza limodzi ndi mwanayo, mukaone timizere timeneto, kenako mudzamupemphe akuonetseninso filimu ija usiku, magetsi atazimitsidwa.