Bwanji amamenya lupanga m'malo mobaya munthu? Yankho kwa bambo a ku Zomba

Sabata yatha ndinalandira imelo yochokera kwa bambo ena a ku Zomba, dzina ndisunga poti sanandiuze kuti ndilitchule. Akuti anakhala pansi ndi mwana wawo wa zaka 14 kuonera The Mask of Zorro ija ya Antonio Banderas, iwo akusangalala kukumbukira kale, koma mnyamatayo filimu isanafike ndi pakati pomwe anayamba kunena kuti zonsezi ndi bodza, anthuwo sakufuna kubayana koma akungomenyanitsa zitsulo kuti zizilira. Ndiye funso lawo ndi lakuti: "Kodi mwanayu akunena zoona? Ngati ndi bodza nanga bwanji ine mtima umagunda ndikamaonera? Ndipo ndimuonetse mafilimu ati kuti amvetse chimene ine ndimakonda?"

Bambo, zikomo kwambiri chifukwa cha kalatayi, mwandikanda pamene pamandiyabwa. Ndiyambe ndi kuvomera kuti mwana wanuyo ali ndi diso, musamukalipire. Zimene waonazo ndi zoona ndithu. Mukatsegula YouTube n'kuonera masewera a malupanga a ku Olympics mudzadabwa, anthu awiri ayang'anizana, wina wasuntha phazi, nyali yayaka, basi zatha, inu simunaone kalikonse. Zimathamanga moti mpaka anachita kulumikiza mawaya ku malupangawo kuti magetsi ndi amene aziuza oweruza kuti wakhudza mnzake ndi ndani. Munthu wodziwa lupanga zenizeni safuna kuti mnzake aone chimene akufuna kuchita, dzanja amalisuntha pang'ono kwambiri. Koma filimu imafuna zosiyana ndi zimenezo, imafuna kuti inu muli pa mpando muone lupanga likuchokera uku kupita uko, mumve kuti eee apa wapulumukira mkamwa mwa mbuzi.

Ndiye kodi ndi bodza? Ine ndimakana mawu amenewo. Munayamba mwaonerapo ngoma ya Angoni ku Ntcheu kapena ingoma ku Mzimba? Amuna anyamula zishango ndi zibonga, akuponda pansi fumbi koboo, nkhope zili gwaa, koma palibe amene amaimirira n'kufunsa kuti bwanji sakuswana mitu. Tonse timadziwa kuti tikuonera gule wonena za nkhondo, ndipo thupi limachita tsembwe ndithu. Ndewu ya malupanga ya pa kanema ndi choncho, ndi gule wa anthu awiri amene akukhulupirirana kotheratu, aliyense akudziwa kumene lupanga la mnzake likupita, koma nkhope zawo zikutiuza kuti mmodzi afa lero.

Mafilimu amtunduwu azungu amawatcha swashbuckler, mawu akalekale a m'zaka za m'ma 1500 onena munthu wamatama woyenda akuombetsa lupanga pa kachishango kake. Ambiri anachokera m'mabuku. The Three Musketeers analemba ndi Alexandre Dumas wa ku France mu 1844, ndipo ambiri sadziwa kuti agogo ake aakazi a Dumas anali mayi wakuda amene anali kapolo ku Haiti, bambo ake a Dumas n'kudzakhala mkulu wa asilikali mu gulu la nkhondo la France. Zorro yemwe munaonera uja anayamba mu nkhani ya Johnston McCulley mu 1919, chaka chotsatira mu 1920 Douglas Fairbanks n'kuisandutsa filimu, The Mark of Zorro, nthawi imeneyo mafilimu analibe mawu. Poti munalibe mawu thupi ndiye limayankhula, Fairbanks amalumpha matebulo, kukwera makoma, kulendewera pa zingwe uku akumwetulira. Mu The Black Pirate ya 1926 muli pamene amabaya mpeni pa nsalu yaikulu ya chombo n'kutsetsereka nawo kuchokera pamwamba mpaka pansi nsalu ikung'ambika, ndipo mafilimu ambiri abwereza zimenezo mpaka lero.

Koma munthu amene ndikufuna mumudziwe kwambiri nkhope yake simunaione, dzina lake Fred Cavens, mphunzitsi wa malupanga wochokera ku Belgium amene anakagwira ntchito ku Hollywood. Iyeyu ndi amene anakhazikitsa mfundo yakuti pa kamera mayendedwe a lupanga akhale aakulu kuti aoneke, koma akhalebe olondola, phazi liponde poyenera, dzanja litchinge mmene wodziwa angatchingire. Musaiwale mbali yachiwiriyo chifukwa ndi imene imasiyanitsa ndewu yabwino ndi yongogwedeza zitsulo.

Tsopano tifike kwa Errol Flynn ndi Basil Rathbone, apa ndichedwapo pang'ono chifukwa yankho lanu lenileni lili pamenepa. Flynn anali mnyamata wa ku Tasmania ku Australia, wooneka bwino, wamtali, anatchuka ndi Captain Blood mu 1935, kenako The Adventures of Robin Hood mu 1938. M'mafilimu onse awiriwa amamenyana ndi Rathbone ndipo Rathbone ndi amene amafa. Koma kunja kwa kamera wodziwa lupanga kwambiri anali Rathbone, munthu wobadwira konkuno kumwera, ku Johannesburg mu 1892, n'kukakulira ku England. Ankaphunzira lupanga mwakhama zaka zambiri, koma poti nkhope yake ankaipatsa mbali ya munthu woipa, pafupifupi ndewu zake zonse za pa kanema analuza. Taganizirani zimenezo bambo. Munthu amene angathe kumaliza ndewu mu masekondi awiri, ntchito yake ndi kumupangitsa mnzake kuoneka katswiri, kumutsegulira mpata pa nthawi yake, kubweza lupanga lake pang'ono kuti lisafike pa nkhope, kenako kugwa mokhutiritsa. Ife tili ana ku video show tinkakuwa kuti ekita safa, ekita safa, osadziwa kuti amene wanyamula ndewu yonse ndi uja akufayo.

Mu Robin Hood muli ndewu ya pa masitepe a nyumba yachifumu, Flynn ndi Rathbone akutsika akumenyana, kenako onse awiri amatuluka mu kamera koma inu mukuonabe zithunzithunzi zawo zikuluzikulu zikumenyana pa chipilala chamwala, nyimbo ya Erich Korngold ikugunda, kenako n'kutulukiranso. Ndinaibwereza kambirimbiri mbali imeneyo ndipo siinandikwanebe.

Koma imene ndimaiika pamwamba pa zonse ndi The Mark of Zorro ya 1940, Tyrone Power ndi Rathbone yemweyo, wokonza ndewu Cavens yemwe uja. Chipinda ndi chaching'ono, mulibe zolendewera pa nyali kapena kulumpha makhonde. Isanayambe ndewu Rathbone amafuna kumuopseza mnzakeyo, amazunguza lupanga n'kudula kandulo, chidutswa n'kugwa. Power naye amazunguza lake pa kandulo ina, kanduloyo osagwedezeka, ikuyakabe, Rathbone n'kuseka poganiza kuti waphonya. Ndiye Power amangotambasula dzanja n'kunyamula theka lapamwamba la kanduloyo, kusonyeza kuti anaidula bwinobwino moti siinagwe n'komwe. Kuseka kuja kumathera pomwepo. Palibe amene wakhudzidwa koma inu mwadziwa kale kuti munthu wamatamayu wakumana nazo, ndipo mwina ndi koyamba m'moyo wake kuchita mantha. Kenako ndewu ikayamba imathamanga moopsa, malupanga akuchita ngati akulankhulana, wina afunsa wina ayankha. Mtima wanu umagunda chifukwa cha zimenezo bambo, mumakhala mukuwerenga khalidwe la anthu awiriwo kudzera m'manja mwawo, uyu ndi wodzikuza, uyu ndi wodekha, uyu wayamba kutaya mtima.

Ina yoti musaiphonye ndi Scaramouche ya 1952, Stewart Granger ndi Mel Ferrer akumenyana m'nyumba ya zisudzo, kuyambira m'makhonde a pamwamba, m'masitepe, pamwamba pa mipando mpaka pa siteji, kupitirira mphindi 6 osapuma.

Za mmene amachitira mwina mwana wanu angakonde kudziwa. Malupangawo amakhala osanola, nsonga yobuntha, ndipo ambiri masiku ano ndi a aluminiyamu kuti apepuke. Kulira kuja kwa ngwee ngwee nthawi zambiri amakuika pambuyo mu studio. Ndewu yonse amailoweza pamtima ngati sitepe ya gule, amayamba pang'onopang'ono masabata angapo kenako n'kumaonjezera liwiro, ndipo kamera amaiika pamalo poti lupanga lodutsa patali ndi munthu lizioneka ngati lamupala tsaya. Komabe ngozi zimachitika, chitsulo ndi chitsulo.

Zimenezi zikundifikitsa kwa Bob Anderson, amene anakonza ndewu za mu The Mask of Zorro munaonera ija. Anali Mngelezi, anaimira Britain pa masewera a malupanga ku Olympics ya ku Helsinki mu 1952, ndipo atangolowa mu za mafilimu anagwira ntchito ndi Errol Flynn mu The Master of Ballantrae ya 1953, komwe mwangozi anamucheka Flynn pa ntchafu, anthu n'kumamutcha munthu amene anabaya Errol Flynn. Ndi yemweyu anavala chigoba cha Darth Vader, munthu woipa wa mu mafilimu a Star Wars, pa ndewu za mu The Empire Strikes Back mu 1980 ndi Return of the Jedi mu 1983, anthu osadziwa, mpaka Mark Hamill, ekita wa mafilimuwo, anachita kuulula yekha poona kuti si bwino munthu kugwira ntchito yotere osatchulidwa. Anaphunzitsa Cary Elwes ndi Mandy Patinkin mu The Princess Bride ya 1987, komwe anyamatawo anayeserera miyezi kumenya ndi dzanja lamanzere komanso lamanja poti nkhaniyo imafuna kuti asinthe manja ndewu ili mkati. Kenako Banderas mu 1998, Anderson ali ndi zaka zoposa 70, kenako The Lord of the Rings ndi Pirates of the Caribbean. Anamwalira pa 1 January 2012 ali ndi zaka 89. Ndiye mukamuona Banderas akuzungulira ndi lupanga dziwani kuti dzanja limene linamuphunzitsa linagwirapo lupanga ndi Flynn, ulusi wake ndi umodzi kuchokera kalelo.

Tsono ngati mnyamata wanuyo akufuna zooneka ngati zenizeni, ziliko, ndipo dzina loti mufufuze ndi William Hobbs, nayenso wokonza ndewu za pa kanema. Iyeyu anabwera ndi maganizo ena, akuti munthu womenyera moyo wake amatopa, amaterereka m'matope, amaponya chilichonse chili pafupi. Muone The Three Musketeers ya 1973 kapena The Duellists ya 1977, filimu yoyamba ya Ridley Scott, anthu akupuma wefuwefu lupanga likulemera m'manja moti akulephera kulinyamula. Mu Rob Roy ya 1995 Tim Roth ndi wachangu, akumucheka Liam Neeson pang'onopang'ono ngati akusewera naye, Neeson watopa wagwada, ndiye pomaliza amangogwira lupanga la mdaniyo ndi dzanja lake lenilenilo magazi akuchucha n'kumutema kamodzi. Koma chonde filimu imeneyi ili ndi mbali zina zosayenera mwana wa zaka 14, mumuonetse ndewu yomalizayo yokha. Ku Japan nakonso Akira Kurosawa anatseka Sanjuro ya 1962 ndi ndewu imene anthu awiri amangoima kuyang'anana nthawi yaitali, zii, kenako kutema kumodzi basi zatha. Imeneyo ndiye ili pafupi kwambiri ndi zimene mwana wanu akunena. Komabe ngakhale zimenezi ndi zokonzedwa, Hobbs naye ankawerenga sitepe iliyonse, kungoti gule wake ndi wa anthu otopa.

Chimene chimandipweteka ine ndi mafilimu ambiri atsopano, kamera ili pamphuno pa munthu, akudula chithunzi sekondi iliyonse, mdima uli bii, ukungomva phokoso osaona kuti phazi lili pati lupanga lili pati. Amatero nthawi zambiri pobisa kuti osewerawo sanapatsidwe nthawi yokwanira yophunzira. Akale aja ankaimika kamera patali kuti uone thupi lonse kuyambira kumutu mpaka kuphazi, ukalakwitsa aliyense aona, ndiye panalibe kuchitira mwina koma kuphunzira basi.

Ife tikatuluka mu video show tinkathamangira kumunda kukathyola mapesi a chimanga, aliyense lake, ndewu n'kubuka pa bwalo mpaka dzuwa kulowa. Ndimakumbukira bwino kuti tikamamenyanitsa mapesiwo mwadala masewera amakoma ndipo amatenga nthawi, koma tsiku lina mnzathu wina anafuna kupambana zenizeni, analunjika kumaso n'kumulasa mnzake pansi pa diso, magazi kutuluka, amayi ake kubwera akukuwa, masewera n'kuthera pomwepo sabata yonse. Chipsera chija anakula nacho. Ndiye ngati mnyamata wanu ndi anzake ayamba kutola timitengo akatha kuonera, muwauze lamulo loyamba, kuti maso ako azikhala pa mnzako ndipo iye adziwe kumene ukupita.

Muyambe ndi The Mark of Zorro ya 1940. Ndi yakuda ndi yoyera, mwina adzayamba kudandaula mphindi zoyambirira, mupirireni. Ikafika ndewu ya m'chipinda muja mumuuze kuti koyamba aonere mmene akufunira, kenako mubweze m'mbuyo aonerenso akuyang'ana mapazi a Rathbone okha, osati malupanga. Akatha pamenepo mupite ku Robin Hood, kenako The Princess Bride, The Duellists ikhale yomaliza. Ndipo mundilemberenso bambo, ndikufuna kumva zimene adzanene Power akadzanyamula kandulo ija.