Funsani Mbiri: Kodi kasinja wa Tiger analibedi mnzake?

FUNSO: Bambo, ine ndimagulitsa kabichi ndi mbatatesi pamsika wa Lizulu. Madzulo tikaweruka timakonda kuonera mafilimu a nkhondo, ndiye tatsutsana kwambiri ndi mnzanga. Iye akuti kasinja wa Ajeremani wotchedwa Tiger analibe mnzake pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, ati mmodzi yekha ankaphwanya akasinja khumi. Ine ndikuti ngati zinali choncho, nanga Hitler anagonja bwanji? Tiweruzeni. — Chisomo, Lizulu, Ntcheu

YANKHO: A Chisomo, mnzanuyo sakunama, koma akunena za kasinja amene wafika kale pamalo omenyanirana, injini ikulira bwino, mafuta ali tho. Ine ndakalambira kunsi kwa malole m'magalaja a pa Dedza pano, choncho galimoto iliyonse ndimayamba ndaifunsa kuti ifika bwanji kumene ikupita, ndipo ikafera panjira aikoka ndani. Tiger ukamufunsa mafunso awiri amenewa amayamba chibwibwi.

Tiyambe ndi zimene mnzanu akukondwera nazo. Mu June 1941 Germany italowa m'dziko la Soviet Union, asilikali ake anakumana ndi akasinja a T-34 ndi KV-1, ndipo zipolopolo za mizinga yawo yambiri zinkangonjanja pa chitsulo osalowa. Zimenezi zinafulumizitsa ntchito yopanga kasinja wolemera imene inali itayambika kale. Makampani awiri, Henschel ndi Porsche, anaonetsa akasinja awo kwa Hitler mu April 1942, ndipo wa Henschel ndi amene anasankhidwa, n'kuyamba kupangidwa mumzinda wa Kassel. Anali wolemera matani pafupifupi 57, munkakwera anthu asanu, chitsulo chakutsogolo chinali chochindikala mamilimita 100, cham'mbali mamilimita 80. Mzinga wake unali wa mamilimita 88, mtundu wa mfuti imene poyamba inapangidwira kugwetsa ndege, ndipo magalasi oloserera anali abwino zedi. M'chigwa chopanda mitengo, Tiger ankatha kuboola T-34 ali pamtunda wa kilomita ndi theka, pamene wa T-34, ndi mzinga wake wa mamilimita 76, ankayenera kuyandikira kwambiri n'kumenya cham'mbali kapena kumbuyo. Sherman wa ku America wa mzinga wa mamilimita 75 vuto lake linali lomwelo. M'chaka cha 1943 kukumana ndi Tiger maso ndi maso kunali kudziitanira maliro, ndipo mantha anafika poti asilikali ena akaona Panzer IV, kasinja wamba wa Ajeremani wocheperapo, ankakuwa kuti aona Tiger.

Nkhani imene mafilimu ndi anyamata amaikonda ndi ya Michael Wittmann, msilikali wa Germany amene ankalamulira ma Tiger. Pa 13 June 1944, m'tauni ya Villers-Bocage ku Normandy m'dziko la France, iye anatulukira mwadzidzidzi pa mdipiti wa asilikali a Britain amene anali ataima m'mbali mwa msewu, ndipo m'mphindi zochepa anaphwanya akasinja oposa khumi ndi magalimoto ena ambiri. Zinachitikadi. Koma ofotokoza amakonda kulekera pomwepo. Kasinja wa Wittmann yemweyo anamenyedwa m'tauni momwemo, mwini wake n'kuthawa wapansi. Masana a tsiku lomwelo ma Tiger ena analowa m'timisewu topanikizika popanda asilikali oyenda pansi okwanira owateteza, ndipo angapo anatsala momwemo. Wittmann anaphedwa pa 8 August 1944, pasanathe miyezi iwiri, akudutsa pamtetete. Musaiwalenso kuti anali wa gulu la SS, asilikali a chipani cha Hitler, ndipo boma la Hitler linkakuza dala mbiri ya anthu otere m'nyuzipepala kuti anthu kumudzi asataye mtima. Ziwerengero za "ndapha akasinja akuti" zinkachokera kwa oombera eni ake, ndipo ngakhale akuluakulu awo ankazichepetsa polemba malipoti.

Tsopano bwerani kuno kugalaja.

Ulendo woyamba weniweni wa Tiger unali kumapeto kwa August 1942 pafupi ndi mzinda wa Leningrad ku Soviet Union. Anapita anayi, ndipo atatu anafera panjira chifukwa cha injini ndi giyabokosi, mdani asanawachite kanthu. Mwezi wotsatira wina anatitimira m'dambo, analephera kumuzula, mapeto ake anamuphulitsa okha. Mu January 1943 asilikali a Soviet anagwira wina wathunthu kudera lomwelo, n'kupita naye kukamuyesa ndi mizinga yawo kuti aone pofooka.

Gwero la mavuto ambiri linali kulemera. Injini ya Maybach ya masilinda 12, yoyendera petulo, inali ya horsepower 650, kenako 700, ndipo inkagwira ntchito ili pamapeto pa mphamvu zake tsiku lililonse. Inkatentha, inkadontha mafuta, nthawi zina n'kuyaka moto, mpaka kumapeto kwa 1943 anachita kuimanga kuti isamathamange kufika pamene inkafika poyamba. Dalaivala wodziwa ntchito ankaisamala n'kuyenda nayo bwino ndithu, poti Tiger anali ndi chiwongolero ngati cha galimoto ndiponso magiya 8 opita kutsogolo ndi 4 obwerera. Koma nkhondo ikamapitirira madalaivala odziwa amatha, amene amalowa m'malo ndi ana ongophunzira dzulo, ndipo giyabokosi siimva kuti uyu ndi wophunzira.

Chimene chimandipweteka mutu ine ndi mawilo. Kuti kulemera kugawike bwino pa matcheni oyendera, anaika mawilo akuluakulu olowana ngati zala za manja awiri, 24 mbali iliyonse pa ma Tiger oyambirira. Pokwera zinali bwino, kasinja sankagwedezeka kwambiri. Koma tangoganizani kuti raba ya wilo lam'kati yatha. Kuti ulifike uyenera kumasula mawilo angapo akunja, lililonse lolemera moti munthu mmodzi sanganyamule, mabawuti ali gwa ndi matope, zala zitauma ndi chisanu, kwinaku mizinga ikulira. Ndiye ku Russia matope ndi chipale chofewa zinkalowa m'mipata ya mawilowo madzulo, usiku n'kuundana kukhala ngati mwala. Kukacha kasinja uja wagwidwa miyendo, anthu ayambe kugogoda ndi nyundo ndi zitsulo. Amene anajambula mawilo amenewa sindikhulupirira kuti anagwirapo sipanala pa dzinja.

Kasinja sayenda yekha mtunda wautali, amakwera sitima. Koma Tiger ali ndi matcheni ake omenyera nkhondo, a mamilimita 725 m'lifupi, ankatuluka kunja kwa muyezo wa njanji, moti akanakhula sitima inzake kapena khoma la siteshoni. Choncho asanakwere ankavula matcheniwo, kuchotsa mawilo akunja, kuvala matcheni ena opyapyala a mamilimita 520, ndipo akatsika ntchito yonse ija ibwerezedwe chobwerera. Milatho yambiri ya m'midzi sinkatha kumunyamula. N'chifukwa chake ma Tiger oyambirira anawaikira chipaipi chopumira kuti aziwoloka mtsinje pansi pa madzi akuya mamita anayi, nzeru imene inadya ndalama ndi nthawi mpaka anaisiya. Gulu la ma Tiger lisanasunthe, pankayenera kutsogola anthu okayesa milatho ndi kuponda nthaka.

Mafuta nawo. Thanki yake inkalowa malita pafupifupi 540. Pa pepala ankati ayenda makilomita 195 pamsewu wabwino, m'thengo pafupifupi 110, kutanthauza malita pafupifupi asanu pa kilomita imodzi m'thengomo. Germany inalibe zitsime zokwanira za mafuta. Inkadalira a ku Ploiești m'dziko la Romania ndi ena opangidwa kuchokera ku malasha. Mu 1944 ndege za America ndi Britain zinayamba kuphulitsa mafakitale a mafutawo, ndipo mu August chaka chomwecho Romania inatembenukira mbali ya adani a Hitler.

Inu a ku Lizulu mukudziwa zimene zimachitika lole yodzaza mbatatesi ikatitimira pamsewu wa ku Tsangano mvula ili pakati: yaing'ono anthu amakankha, koma yaikulu imagona pomwepo mpaka papezeke china champhamvu kuiposa, ndipo mnzake akayesa kuikoka amapsereza kilatchi yake, zigone ziwiri. Tiger mmodzi ankafuna zigalimoto zokokera zitatu za matani 18 zomangirizana. Lamulo linkaletsa kukoka Tiger ndi Tiger mnzake, koma asilikali ankaphwanya lamulolo kawirikawiri chifukwa chosowa pogwira. Pamene Ajeremani ankapita chitsogolo, kasinja wofera panjira ankadikira amakaniko n'kudzukanso. Koma kuyambira pa nkhondo ya ku Kursk, ku Russia, mu July 1943 iwo ankangobwerera m'mbuyo, ndipo pothawa kasinja wothyoka kachitsulo kamodzi ndi wotayika. Ku Italy mu May ndi June 1944, pothawa kudutsa Rome, ma Tiger ambiri anaphulitsidwa ndi eni ake m'misewu ya m'mapiri. Pa nkhondo yonse, gawo lalikulu la ma Tiger otayika linapita mwanjira imeneyi.

M'malo mophunzirapo, Ajeremani anapanga wolemera kuposa pamenepo. Tiger II, amene ena amati King Tiger, anali wa matani pafupifupi 70, chitsulo chakutsogolo mamilimita 150 choikidwa mopendekeka, mzinga wautali kwambiri, koma injini yomwe ija ya horsepower 700. Mu August 1944 gulu lina linatumizidwa ku Poland, pafupi ndi Sandomierz, ndi akasinja 45 oterewa, ndipo amene anafika ali okonzeka kumenya nkhondo anali 8 okha. Mu December chaka chomwecho, pa nkhondo ya ku Ardennes m'dziko la Belgium, gulu la Joachim Peiper, mkulu wina wa SS, lomwe linapha asilikali a ku America ogwidwa pankhondo pafupi ndi Malmedy, linapeza milatho itaphulitsidwa, mafuta n'kuwathera m'mudzi wa La Gleize. Anasiya akasinja awo n'kuthawa wapansi usiku. Tiger II mmodzi adakali m'mudzimo mpaka lero, alendo amajambulitsa naye.

Funso lanu lenileni, a Chisomo, likuyankhidwa ndi masamu. Kuyambira 1942 mpaka August 1944 ma Tiger oyamba aja anapangidwa pafupifupi 1,350 basi, ndipo a Tiger II sanakwane 500. America inapanga ma Sherman oposa 49,000, Soviet Union ma T-34 oposa 50,000 nkhondo isanathe. Ku Kursk, kumene mbali zonse zinasonkhanitsa akasinja zikwi zingapo, ma Tiger anali pafupifupi 150. Tiger mmodzi ankadya ndalama zoposa za ma Panzer IV awiri, ndipo m'mafakitale a ku Kassel munkagwira ntchito anthu ambiri ogwidwa ukapolo m'mayiko olandidwa. Adani nawo sanagone: Britain inaika mzinga wamphamvu wa 17-pounder pa Sherman n'kumutcha Firefly, Soviet Union inatulutsa T-34 wa mzinga wa mamilimita 85 ndi IS-2 wa mamilimita 122, kuphatikiza mabomba okwirira pansi ndi ndege zosakasaka magalimoto a mafuta. Ndiye kamuuzeni mnzanuyo kuti pa kuombera wapambana ndi iye. Koma msilikali wamba wa ku America kapena Russia ankatha kumenya nkhondo miyezi yambiri osaona Tiger ngakhale mmodzi, ndipo malo amene Tiger kunalibe ndi omwe adani ankaboolera.

FUNSO: Malemu agogo anga aamuna anali msilikali wa KAR pa nkhondo ya Hitler, ndipo ankatchulatchula Burma. Mwana wanga akuti ndiye kuti anamenyana ndi akasinja a Ajeremani. Ndi zoona? — Mayi Nachisale, Bembeke, Dedza

YANKHO: Ayi mayi, agogowo Tiger sanakumane naye. Asilikali a Nyasaland a King's African Rifles (KAR) anamenyana ndi asilikali a Italy ku Somaliland ndi ku Abyssinia, kumene lero timati Ethiopia, mu 1940 ndi 1941. Mu 1942 ena anapita ku Madagascar kukalanda chilumbacho kwa Afalansa amene ankagwirizana ndi Germany, ndipo mu 1944 anali ku Burma, m'chigwa cha Kabaw, kulimbana ndi asilikali a Japan mvula yamkuntho ili pakati, malungo ndi matope zikupha anthu ngati zipolopolo. Kumene azigogo athu anayang'anizana ndi Ajeremani enieni ndi pa nkhondo yoyamba, kuyambira pa Karonga mu September 1914, ndipo kumeneko kunalibe kasinja aliyense.

Mu Africa muno Tiger anaponda ku Tunisia kokha, kuyambira kumapeto kwa 1942 mpaka May 1943. Kumeneko ndi kumene asilikali a Britain anagwira Tiger wa nambala 131 mu April 1943, chipolopolo chitapanikiza mutu wake wozungulira uja, eni ake n'kumusiya. Ameneyo ali kumalo osungirako akasinja akale ku Bovington, ku England, ndipo ndi yekhayo mwa ma Tiger oyamba amene injini yake imalirabe. Mwana wanuyo mumuuzenso kuti Japan inaguladi Tiger mmodzi mu 1943, ndalama n'kulipira, koma panalibe njira yomuwolotsera nyanja. Anatsala ku Ulaya komweko, ndipo mu 1944 Ajeremani anamubwereka n'kumugwiritsa ntchito okha.