Kodi Sonic wa malume anga wakalamba, kapena ndi wachinyengo?

FUNSO: A Mkonzi, malume anga atamwalira tinapeza m'sutikesi mwawo makina osewerera magemu a Sega Mega Drive omwe anabwera nawo kuchokera ku Joni m'zaka za m'ma 1990, pamodzi ndi makatiriji anayi (timabokosi momwe muli magemu), kuphatikizapo Sonic the Hedgehog. Makinawo akuyakabe, koma ndikayerekeza ndi zomwe ndimaona pa YouTube, Sonic wanga amathamanga mwaulesi, ndipo ngakhale nyimbo yake imamveka yolefuka. Mnzanga wokonza mawailesi akuti zinthuzi ndi zachinyengo kapena zatha ntchito. Kodi ndizitaye, kapena zili ndi mtengo? Ine mwana wanu wa pa Kamuzu Road, Salima.

YANKHO: Pepani achimwene chifukwa cha imfa ya malume anu. Makinawo musawataye, pakuti sanawonongeke, ndipo kuchedwa komwe mukuonako si umboni wakuti ndi achinyengo.

Nkhani yonse yagona pa mawailesi a kanema a nthawi imeneyo. Ku Japan ndi ku America ankagwiritsa ntchito njira ya NTSC, yomwe imasintha chithunzi pafupifupi maulendo 60 pa sekondi, pomwe maiko ambiri a ku Ulaya, South Africa ndi kwathu kuno anatsata njira ya PAL, ya maulendo 50. Magemu ambiri ankawerengera liwiro lawo pa kusintha kwa chithunziko, choncho gemu yopangidwira NTSC ikaikidwa m'makina a PAL osaikonzanso, zonse zimatsalira: chomwe wa ku America amamaliza m'mphindi 10, inu chikutengerani mphindi 12. Sonic wa 1991 ndiye chitsanzo chodziwika kwambiri, ndipo mukayang'anitsitsa muona mizere yaikulu pamwamba ndi pansi pa chithunzi. Kuchedwako kuli m'makina, osati m'katiriji. Katiriji yanu yomweyo mutailowetsa mu Genesis, lomwe ndi dzina la makinawa ku America, Sonic akhoza kuliyatsa liwiro ngati wa pa YouTube uja.

Amene mumawaonerawo ndi akatswiri a speedrunning, omwe amapikisana kuti amalize gemu mofulumira kuposa wina aliyense, ndipo kwa iwo dziko lomwe gemu inatulukira ndi nkhani yaikulu zedi. Ambiri osewera The Legend of Zelda: Ocarina of Time ya 1998 amasankha ya Chijapani ngakhale sadziwa chiyankhulocho, chifukwa mawu a pa kanema amadutsa msanga. Mu Super Mario 64 yoyamba ya 1996 muli cholakwika china chomwe chimalola Mario kulumpha chafutambuyo mothamanga kwambiri mpaka kudutsa pomwe sankayenera kudutsa, koma Nintendo itatulutsanso gemuyo ku Japan mu 1997, mu mtundu wotchedwa Shindou, inatseka mpata umenewu. Chodabwitsa n'chakuti katiriji yokonzedwa bwinoyo ndiyo yomwe ambiri mwa akatswiriwa amaipewa.

Osonkhanitsa magemu akale iwo amafuna zina, makamaka zomwe zinasintha gemu ikamawoloka nyanja. Gemu ya Contra itafika ku Ulaya pa makina a Nintendo a NES inatchedwa Probotector, asilikali ake atasandutsidwa maloboti. Super Mario Bros. 2 ya ku Japan ya 1986 ndi yosiyana kotheratu ndi ya ku America ya 1988, yomwe inachokera ku gemu ina yotchedwa Doki Doki Panic. Ngakhale Sonic wa ku Japan ali ndi mitambo yoyenda kumwamba, yomwe mwa wanuyo ingoima chilili.

Za mtengo ndikuuzeni mosabisa, kuti musayembekezere chuma chomwe kulibe. Sonic woyamba ankagulitsidwa pamodzi ndi makinawo ndipo anafala kwambiri, kotero katiriji yake yokha siikwera mtengo. Ogula amayang'ana ngati bokosi ndi kabuku kake zilipo komanso ngati chipepala cha pa katiriji sichinang'ambike. Simunatchule maina a makatiriji atatu enawo, choncho tilembereninso musanagulitse kwa aliyense, chifukwa mwina wosowa ali pakati pa amenewo.

Pakadali pano asungeni pamalo ouma, pakuti chinyezi cha kunyanja kuno chimachititsa dzimbiri timano ta katiriji, ndipo chizolowezi chouziramo mpweya ndi pakamwa chimangowonjezera vutolo. Pukutani ndi kathonje konyowetsa pang'ono ndi sipiriti. Ndipo mukadzakopeka n'kuitanitsa makina a ku Japan kuti mulawe liwiro lenilenilo, kumbukirani kuti adaputala yake inapangidwira magetsi a mavoti 100 pomwe athu ndi a mavoti 230, choncho mukailumikiza kukhoma popanda thiransifoma, ipsa nthawi yomweyo.