Nkhono zokwera mitengo ku Beachwood si zija za likodzo

Achemwali, pa chithunzi cha nkhono chija mwajambula ku Beachwood Mangroves, pamene mtsinje wa Umgeni umathirira m'nyanja ku Durban, mwafunsapo zitatu: ngati mwana wanu amene anazigwira nkhonozo angatenge likodzo, chifukwa chimene zaunjikana pa thunthu la mtengo m'malo mokhala pansi m'matope, ndiponso ngati zimadyedwa. Ndiyamba ndi la mwana poti ndi limene likukusowetsani mtendere.

Mtima m'malo. Likodzo la anthu limadzera mu nkhono za m'madzi opanda mchere basi. Kwathu ku nyanja ya Malawi zofalitsa likodzo la m'chikhodzodzo, lija munthu amakodza magazi, ndi Bulinus globosus za m'madambo ndi m'mabango, komanso Bulinus nyassanus zimene zimakhala pamchenga ngati ku Cape Maclear. Likodzo la m'matumbo limadzera mu Biomphalaria. Zonsezi m'madzi a mchere sizingakhalemo. Komanso matendawa sabwera chifukwa chogwira chigoba cha nkhono. Tizilombo timatuluka mu nkhono n'kumasambira m'madzi, ndiye timalowa pakhungu la munthu amene waima kapena kusamba m'madzimo. Chimene ndingakuchenjezeni n'chakuti m'mitsinje ndi m'madamu ambiri a ku KwaZulu-Natal likodzo lilimo ndithu. Ngati mwana anasewera m'madzi opanda mchere a kumtunda, ndipo mwaona magazi mu mkodzo, pitani naye kuchipatala, mankhwala ake ndi praziquantel. Koma zogwira nkhono ya pamtengo ku Beachwood, kumusambitsa m'manja ndi sopo kwakwana.

Ndisabise kuti nkhono zina za m'matope a m'mbali mwa nyanja ya mchere zimasunga tizilombo ta mbalame, tachibale ndi ta likodzo. Ku America, nkhono yotchedwa Ilyanassa obsoleta inachititsa ana asukulu kutuluka zidzolo zoyabwa ku Cape Henlopen m'chigawo cha Delaware mu 1991. Tizilomboto tikalowa pakhungu la munthu timafera pomwepo chifukwa si kwawo. Kumakhala kuyabwa kwa masiku angapo, osati likodzo.

Tsopano funso lachiwiri, limene ineyo limandikoka mtima kwambiri. Nkhono mwajambulazo ndi Cerithidea decollata. Zimafika masentimita atatu kutalika, chigoba chake chili ndi mizere yotumphuka, ndipo zikakula nsonga ya chigoba imathothoka, mwakuti zimaoneka ngati wina wazidula. Muonenso chithunzi chanu, mupeza kuti zazikuluzo zilibe nsonga. Zimapezeka m'nkhalango za mangrove, mitengo yomera m'matope a m'mbali mwa nyanja ya mchere, kuchokera ku South Africa kuno, kudutsa Mozambique ndi Tanzania mpaka ku Kenya.

Kuti timvetse chimene zikuchita pamtengopo, tiyambe ndi madzi. Ife okulira kumudzi nyanja timaidziwa kuti imadzaza ndi mvula n'kumaphwa m'chilimwe, pang'onopang'ono chaka chonse. Nyanja ya mchere siitero. Imadzaza kawiri ndi kuphwa kawiri pa tsiku, ndipo kuchokera pa kudzaza kumodzi kufika pa kwina pamapita maola 12 ndi mphindi 25, chifukwa cha mphamvu yokoka ya mwezi ndi dzuwa. Ndiye kudzazako sikufanana. Mwezi ukakhala wathunthu kapena ukakhala mumdima, madzi amakwera kwambiri. Ukakhala theka amakwera pang'ono. Ku Durban kusiyana kwa madzi odzaza ndi ophwa kumafika mamita awiri, pamene ku Beira kumapitirira mamita 6. Cholengedwa chokhala pa matope amenewa chimakhala pamtunda m'mawa, masana chili pansi pa madzi, madzulo pamtunda kachiwiri.

Nkhono zimenezi chakudya chawo chili pansi. Madzi akaphwa zimatsika n'kumakokota pamwamba pa matope, kudya ndere zosaoneka ndi maso ndi zinyenyeswa za masamba ovunda. Koma madzi akamabwera amabwera ndi nsomba ndi nkhanu zosambira, zina zazikulu ngati Scylla serrata imene imaphwanya chigoba ndi zala zake. Choncho nkhono imakwera mtengo, kawirikawiri wa mangrove wotchedwa Avicennia marina, n'kudzimata pa khungwa ndi malovu ake onanda. Malovuwo akauma, yokha imalowa m'chigoba n'kutseka pakhomo, n'kudikira kuti madzi apite. Si zonse zimatsika nthawi iliyonse madzi akaphwa, n'chifukwa chake mungazipeze zina zili phee pamtengo pansi pali pouma.

Mpaka apa palibe chachilendo kwenikweni. Chodabwitsa ndi chimene anapeza Marco Vannini ndi anzake a ku yunivesite ya Florence, atazifufuza ku Mida Creek pafupi ndi Watamu ku Kenya, n'kusindikiza mu 2008. Nkhonozi sizidikira kuti madzi azikhudze. Zimanyamuka kudakali ola limodzi kapena awiri madzi asanafike, pansi pakadali pouma. Ndipo sizingokwera chikwerekwere: zimakaima masentimita ngati 40 pamwamba pa pamene madzi a nthawi imeneyo adzalekezere. Tsiku la madzi ambiri zimakwera patali, tsiku la madzi ochepa zimaima mmunsi. Taganizirani bwino pamenepa. Madziwo sanafike, ndipo kudzaza kwa m'mawa ndi kwa madzulo pa tsiku lomwelo nthawi zambiri sikufanana, koma kanthu koyenda chokwawa, kopanda tebulo la mafunde lija asodzi amayang'ana pa foni, kakudziwiratu pokaima.

Ofufuzawo anafunanso kudziwa mmene nkhono imayezera mtunda umene yakwera. Anamata timiyala ta mtovu pa zigoba za zina kuti zilemere, ndipo zolemedwazo zinaima mmunsi kuposa zinzake. Ataziika pa chinthu chosalala chosavuta kukwera, zinapitirira. Izi zikusonyeza kuti nkhono imawerengera mphamvu zimene yataya pokwera, ngati mmene mayi wosenza mtolo wa nkhuni amadziwira kutalika kwa ulendo ndi kutopa kwa khosi lake, osati ndi maso. Ine ndimaona kuti apa pali nzeru yogwira ntchito: kukwera pang'ono n'kudyedwa, kukwera mopitirira n'kutaya mphamvu ndi nthawi yodyera, poti nkhono mtunda wa mita imodzi ndi ulendo. Zimene zinkaphonya muyezo zinatha kalekale m'mimba mwa nkhanu.

Pansi pa mitengo yomweyo, m'madera ena, pamakhala mkulu wake wa nkhonozi, Terebralia palustris, amene amatha kufika masentimita 19. Ameneyo sakwera mtengo, chigoba chake cholimba chimamukwanira. Akadali wamng'ono amadya matope ngati anzake, koma akakula mano a pa lilime lake amasintha, n'kuyamba kudya masamba a mangrove ogwa pansi, molimbirana ndi nkhanu zimene zimakokera masamba kuuna. Ku Mozambique, monga ku chilumba cha Inhaca pafupi ndi Maputo, alipo wambiri. Kuno ku South Africa wachepa kwambiri, ndipo ku Kosi Bay kumalire ndi Mozambique ndi kumodzi mwa malo ochepa kumene akupezekabe.

Ena mu gulu lino, poyankha chithunzi chanu, alemba kuti malo a Beachwood ndi onunkha ndipo bwenzi atangokwiriridwa. Apa sindikugwirizana nawo ngakhale pang'ono. Fungo la mazira owola lija limachokera m'matope akuda a pansi, mmene mulibe mpweya, ndipo mabakiteriya a mmenemo amatulutsa mpweya wa sulfure. Ndi mmene matope a mangrove amakhalira kulikonse. Nkhono ndi nkhanu ndi zimene zimagaya masamba ndi ndere n'kubwezera chakudya m'madzi, ndipo m'madzi osaya amenewo ndi mmene ana a nsomba ndi a nkhanu amakulira asanapite kunyanja yaikulu. Doko la Durban linali ndi nkhalango yaikulu ya mangrove, koma yambiri inapita pomanga doko, kunangotsala kachigawo ku Bayhead. Beachwood ndi mahekitala 76 okha, otetezedwa kuyambira 1977. Zimandiwawa kumva munthu akunena zokwirira kamene katsalako.

Inu a ku Britain amene mwayankhapo kuti kumeneko kulibe zotere: zilipo, kungoti n'zazing'ono. Pa matope a m'mathiriro a mitsinje ngati Thames ndi Severn pali Peringia ulvae, kankhono kosapitirira mamilimita 6, kamene kamapezeka masauzande ambirimbiri pa sikweya mita imodzi. Abakha a kumeneko otchedwa shelduck amadalira kwambiri timeneti.

Za kudya, yankho lalifupi. Terebralia anthu a m'mphepete mwa nyanja ku Mozambique ndi Tanzania amatola n'kuphika, ena amachita nyambo yophera nsomba. Abale a Cerithidea amadyedwa ku Vietnam ndi Malaysia. Koma za ku Beachwood musayerekeze. Choyamba, ndi malo otetezedwa a Ezemvelo KZN Wildlife, bungwe loyang'anira zachilengedwe ku KwaZulu-Natal, kutolamo chilichonse n'kulakwira lamulo. Chachiwiri, madzi a Umgeni akhala akuipitsidwa ndi zonyansa za m'zimbudzi, makamaka chichitikireni kusefukira kwa madzi kwa mu Epulo 2022, ndipo nkhono imadya chilichonse chimene chadikha pa matope.

Mukadzapitanso ndi mwanayo, funsani kaye masiku amene amatsegulira anthu, kenako yang'anani pa foni nthawi imene madzi adzadzaze ku Durban tsiku limenelo, makamaka masiku a mwezi wathunthu. Fikani kudakali maola atatu, muime pa kamlatho ka matabwa, musankhe mtengo umodzi. Muuzeni mwana aloze pamene nkhono zaima, ndiye mudikire aone pamene madzi alekezere. Chimodzi chokha, asazithothole pa khungwa: yothotholedwa madzi ali pafupi imagwera pansi ilibenso nthawi yokwera, ndipo nkhanu zimakhala zili m'njira.