Fiziyo musatumize kaye, ine zinandionekera

Achemwali imani kaye, ndalamayo musatumize. Mawu akukuuzani ku koleji ya uphunzitsiyo pa za affiliation, mgwirizano woti yunivesite yovomerezeka izivomereza maphunziro awo, oti "affiliation ili m'njira, pomaliza inu zikhala zitatheka" ndi omwewo anatiuza ife, mpaka mtima ukundigunda ndikulemba pano.

Yanga inali dipuloma ya uphunzitsi wa ku sekondale pa kakoleji kena ka pulayiveti mtauni, dzina sinditchula. Mu ofesi mwa a dayilekita munali satifiketi yaikulu mu fulemu pakhoma, ya chidindo chofiira, aliyense wofunsa ngati sukulu ndi yovomerezeka amangomulozera pamenepo, chonsecho linali pepala lolembetsera bizinesi chabe. Mayi anga anagulitsa soya yense wa chaka chimenecho ndi mbuzi zomwe, ine ndikuwerenga usiku, teaching practice ndinapanga bwinobwino, giraduweshoni tinavala magauni kujambulitsa, chithunzi mpaka kukachipachika pabalaza kumudzi.

Ndiye linafika tsiku lokapereka mapepala a ntchito. Ndalawira m'mamawa, jekete yobwereka kwa alamu, envulopu ya khaki m'manja, pamzere ndili ndi anzathu a ku makoleji a boma a Domasi ndi Nalikule tikucheza kuseka. Kufika pa tebulo mayi wina wamagalasi anatenga dipuloma ija nkuyiyang'ana, nkutulutsa mndandanda wa sukulu zovomerezeka ndi NCHE, bungwe loona za maphunziro apamwamba, chala chikutsika pang'onopang'ono tsamba loyamba, lachiwiri, nkubwereranso pamwamba. Kenako anangoti "bambo, sukulu yanuyi palibe apa", motsitsa mawu ndithu sanandinyoze ayi, koma onse akumbuyo anamva, kuseka kuja zii. Ndinati onani pa dzina la yunivesite imene tili nayo pa affiliation, anaimba foni pomwepo ine chiimire, kumeneko akuti sukulu imeneyo sitikuidziwa nkomwe. Miyendo inazizira, thukuta kumsana, envulopu kunyowa m'manja. Ndinayenda wapansi mpaka ku depoti foni ikuitana mthumba, mayi akufuna kumva kuti zayenda bwanji, ine osayankha chifukwa ndiyambira pati.

Ndiye bambo uja, dayilekita wa koleji yathu, munthu wamkulu wovala tayi, wotsegula asembule ndi pemphero, tinapita gulu kukamufunsa iye akuti "ana anga dekhani mafayilo ali ku Lilongwe". Pasanapite nthawi geti lokhoma, foni yozima, olo tambala sanabweze. Amadziwa bwinobwino chomwe amachita, amaona azimayi akumasula ndalama pa mfundo ya chitenje mu ofesi mwakemo iye nkumalemba lisiti akumwetulira, ndimati ndikakumbukira nkhope yakeyo chakudya chimandikanika. Mulungu amuone.

Inu chitani izi. NCHE inabwera ndi lamulo la 2011, ndi imene imaona makoleji ndi mayunivesite, ndipo kulembetsedwa kwa sukulu ndi kuvomerezedwa kwa kosi ndi zinthu ziwiri, koleji ikhoza kupezeka pa mndandanda koma kosi ya education yanuyo palibe, ndiye mufufuze dzina la kosi yeniyeniyo. Ngati ndi kosi ya uphunzitsi wa ku pulayimale, IPTE, funsani ku Unduna wa Maphunziro ngati TTC imeneyo, koleji ya aphunzitsiyo, akuidziwa komanso ngati ophunzira ake amalemba mayeso a MANEB. Za affiliation musamvere kalata yomwe akukuonetsani iwowo, pitani nokha ku yunivesite akuitchulayo mukafunse kwa registrar. Komanso pano kuli Teachers Council ija ya mu Education Act ya 2013, layisensi yophunzitsira imachokera kumeneko ndipo amayang'ana komwe munaphunzira.

Ine ndinganene kuti za pulayiveti zisiyeni, dikirani ya boma, monga ma TTC a Machinga, Kasungu, Karonga, Phalombe, ngakhale malo ndi ochepa ndipo kukhala pakhomo chaka ndi chaka kumawawa ndikudziwa. Komanso si onse akuba, makoleji a bungwe la DAPP aja ku Chilangoma ndi Amalika si a boma koma aphunzitsi awo ali m'sukulu za boma. Ndipo ngati munalipira kale gawo lina mwina ingomalizani, ine pepala lokanidwa lomwelo ndi limene ndikuphunzitsira pa kasukulu kena ka pulayiveti pano, malipiro ochepa amabweranso mochedwa koma ndiwo ndikugula. Malisiti onse sungani, musataye olo limodzi, ife kwa loya anayamba kutifunsa amenewo ndipo ambiri analibe.